Nthutumba ya Mlendo

Tsiku limene ndinawauza bambo kuti ndapeza ntchito ku Ositireliya, anali akupala thabwa kuseli kwa nyumba yathu ku Mponela. Anali kalipentala, ndipo nkhani zonse zikuluzikulu za pabanja pathu zinkakambidwira pa benchi yawo yopalira matabwa, chifukwa ukati udikire kuti akhale pansi, dzuwa linkakulowera. Ndinali nditagwira unamwino zaka zisanu ndi ziwiri pachipatala china m'boma lathu lomwelo la Dowa, ndipo ndinali nditatopa. Ndinatopa ndi kuuza odwala kuti mankhwala kulibe, ndinatopa ndi malipiro otha mwezi usanafike pakati. Maganizo ndinali nditamanga kale. Kwa bambo ndinapita kukatsanzika, osati kukapempha chilolezo, ndipo iwo anaziona zimenezo.

Anandifunsa kuti ntchito yake ndi yotani. Ndinati ndi yosamalira okalamba m'nyumba imene amawasungiramo.

"Alibe ana okalambawo?"

"Ali nawo, koma amatanganidwa ndi ntchito."

Anauzira fumbi pathabwa paja, n'kulipenda ndi diso limodzi. "Ndiye iwe ukadyetse makolo a eniake. Chabwino. Ako azidya okha."

Ndinapsa mtima, ndisaname. Mayi anali atatisiya kale, inde, koma bambo sankakhala okha. Mchimwene wanga Yohane anamanga nyumba yake pabwalo pomwepo, ndipo mkazi wake, mlamu wanga Aida, ankawaphikira tsiku ndi tsiku. Ndinawayankha kuti makolo a eniakewo ndi amene azidzawagulira mankhwala iwo akadzayamba kudwala. Mawu amenewo anatuluka pakamwa pangapa, kupita kwa bambo anga ondibereka. Anangopitiriza kupala. Mawa lake anapha nkhuku yonditsanzika, ndipo nthutumba anadya okha.

Munthu amene sanakulire pakhomo pathu sangaonepo chachilendo. Nthutumba ya nkhuku ndi ya mwini khomo, kapena ya mlendo ngati nkhukuyo yaphedwera mlendo, ndipo ikasowa m'mbale wophikayo amakhala ndi mlandu. Koma kwathu, kuyambira ndili kamwana, bambo ankandiitana pakati pa chakudya ngati akufuna madzi akumwa. Ndikagwada ndi kapu, ankandifumbatitsa nthutumba m'dzanja n'kunong'ona kuti, "Iwe Naphiri, meza msanga amako asanatigwire." Yohane ankachita kufa nayo nsanje. Zinapitirira choncho mpaka ndili namwino wovala yunifolomu. Tsiku lotsanzikana lija ndi loyamba limene sanandiitane kuti ndiwapatse madzi.

Ku Perth ndinafika nyengo yozizira. Ndinapeza chipinda ku Balga, m'nyumba imene ndinkakhala ndi amayi awiri a ku Zambia, onse ogwira mashifiti ngati ine, moti tinkadziwana ndi nsapato zosiyidwa pakhomo kuposa nkhope. Kuntchito kunali kufupi ndi Murdoch: basi, kenako sitima, kenako basi ina. Anthu a kuno si oipa. Amamwetulira, amakugwirira chitseko, koma moni wawo sadikira yankho. Munthu amakufunsa kuti uli bwanji ali kale patsogolo, iwe n'kutsala ndi yankho lako m'kamwa. Mwezi woyamba ndinkayankhabe mokwanira, n'kufunsanso za kunyumba, mpaka ndinazindikira kuti ndikulankhula ndi misana ya anthu.

Ngakhale nkhuku ya kuno inandisowetsa mtendere. Imabwera m'pulasitiki, yopanda mutu, yopanda mapazi, m'kati muli mbee ngati mwasesedwa. Tsiku loyamba ndinapisamo dzanja kufunafuna nthutumba, osaipeza. Ndinaima m'khitchini muja dzanja lili m'nkhuku, n'kudziseka ndekha, koma kuseka kwake kunali kowawa.

Pakati pa okalamba amene ndinkawasamalira panali a Frank. Anali mmisiri womanga nyumba pa unyamata wawo, ndipo manja awo anali ngati a bambo, zala zikuluzikulu zokhota. Anali ovuta pa chakudya. Sabata yonse ankangotseka pakamwa, kapena kulavula. Koma Lamlungu mwana wawo wamkazi, Helen, ankabwera ndi fulasiki. Tsiku loyamba kuona zimene anatsanulira m'mbale, ndinachita manyazi m'malo mwake: madzi achikasu, tinyama ta nkhuku tonyotsolanyotsola, tikaroti, ndi tizingwe ta ufa wa tirigu tija amati manudozi. Mumtima ndinati, mayi wamkulu ndithu, galimoto yabwino panja, n'kuwabweretsera bambo ake msuzi wokhawokha? Kwathu msuzi ndi wonyowetsera mbamu. Kumupatsa munthu wamkulu msuzi wopanda nthuli ndi chipongwe, ndi ngati kumuuza kuti nyama tadya ife.

Koma a Frank atangomva fungo, anatsegula pakamwa ngati mwana wa mbalame. Helen sankakhalitsa, anali ndi ana ndiponso ntchito yake. Ankawapatsa masupuni awiri atatu, n'kuyang'ana wotchi, n'kundisiyira ine mbale. Choncho Lamlungu lililonse ndinkakhala pambali pa bedi la bambo a eniake ndi supuni m'manja. Akamaliza ankandisisita dzanja n'kunena m'Chingerezi chawo kuti, mtsikana wanga. Mawu a bambo aja ankandibwerera nthawi iliyonse, ndipo ndinkakwiya nawo ngati angowalankhula kumene.

Chaka chomwecho chimfine chinandigwetsa masiku asanu. Anzanga a m'nyumba anali ku mashifiti. Mmodzi anasuzumira m'chipinda n'kunena kuti, "Manje sisita, mumweko mapilisi ka, ine nachedwa ku nchito," n'kutseka chitseko. Sindimuimba mlandu, nanenso ndikanachita chimodzimodzi. Lamlungu masana wina anagogoda. Anali Helen. Atandisowa kuntchito anafunsa anzanga, mmodzi n'kumuperekeza mpaka ku Balga ndi fulasiki ija. Ndinamwa msuziwo nditakhala pabedi, bulangete lili kumutu. Unali wotentha, wamchere pang'ono, unkatsika wokha osafuna mphamvu. Ndinalira mpaka mamina. Chiyambire kufika, palibe munthu amene anali atandiphikirapo kanthu.

Nditachira ndinamupempha kuti andiphunzitse. Chinsinsi chake ndi kudekha basi. Nkhuku yathunthu m'poto wamkulu, madzi ozizira, anyezi, karoti, adyo, ndi timapesi tobiriwira tija amati selari. Moto wochepa, osalola kuti ubwadamuke, ndipo thovu likamayandama uzilichotsa ndi chipande mpaka madzi ayere. Pakatha maola atatu nyama imachoka yokha ku mafupa. Umainyotsola ndi zala, kusefa msuzi, kubwezeramo nyama, ndipo manudozi amalowa pomalizira kuti asasanduke phala. Ine ndinawonjezamo zanga. Nkhuku zonenepa za m'sitolo sizikoma, ndiye ndinapeza bucha ina yogulitsa zotha kuikira, zolimba ngati zachikuda. Masamba ndinkakagula Loweruka ku msika wa ku Canning Vale, bokosi lathunthu, n'kugawana ndi amayi a kutchalitchi. Pasanapite nthawi, Mmalawi aliyense wodwala kapena wobereka kumene m'dera lathu ankalandira poto wanga. Ankayamba ndi kunyoza, "Asisi, ndiye nsima yake ili kuti?" Kenako ankabweza poto ali mbee, wotsukidwa, n'kufunsa kuti ndiphikanso liti.

Kumudzi ndinkatumiza mwezi uliwonse, sindinaphonyepo. Denga linasinthidwa, ana a Yohane sanabwezedwepo kusukulu. Ndinkaimba pa foni ya Aida ndikaweruka, kwathu kuli m'mawa. Aida ankathamangira nayo kuseli kwa nyumba, ndipo ndinkamva akuti, "Apongozi, foni ya ku Ositireliya." Paja Aida ndi bambo ankapatsana ulemu wa chipongozi weniweni: iye kugwadira patali, iwo osamutchula dzina. Bambo sankachulutsa mawu. "Tili bwino. Zimene munatumiza zija tinalandira. Zikomo kwambiri." Ndinamva ndithu kuti akuti munatumiza, osati unatumiza, koma ndinadzinamiza kuti ndi ulemu wopatsa mwana amene wakula. Ndinafika mpaka ponyadira. Anzanga akafunsa kuti ndipita liti kwathu, ndinkati chaka chamawa. Poyamba chinali chitupa chokhalira kuno, kenako maphunziro oti andivomereze unamwino wa kuno, kenako mtengo wa ndege. Zifukwa zonsezo zinali zoona. Koma chinanso choona n'chakuti ndinkaopa kukaima pa benchi ija. Zaka zinayi zinatha choncho.

Uthenga unandipeza ndili pa sitima. Anali mawu a Aida. Bambo agwa akupala thabwa, mbali ya kumanzere yafa, kuchipatala awatulutsa, koma chakudya sichikutsika. Nsima ayi, phala akutsamwa nalo. "Alamu, akutha thupi. Bwerani." Ndinamvetsera uthengawo kanayi pakati pa Murdoch ndi m'tauni. Ndinadziwa chimene chinkachitika pakhosi pawo kuposa wina aliyense pabanja pathu, chifukwa ndi ntchito imene ndinkagwira tsiku lililonse. Ndinadziuza kuti nthawi yakwana. Ndikawadyetsa ndi dzanja langa, ndipo mawu aja a pa benchi akafafanizika.

Ndinawapeza pakhonde, pampando wa ndalema umene anapanga okha. Munthu uja ankanyamula chitseko yekha anali atatsala mafupa m'malaya. Ndinagwada n'kugwira dzanja lawo lamoyo. Anandiyang'ana nthawi yaitali, pakamwa patapotokera mbali imodzi.

"Mwafika? Takulandirani."

Ndinadikira mawu ena, koma sanabwere. Aida anandibweretsera mpando, n'kundilanda chikwama, n'kundithirira madzi osamba m'manja atagwada. Nditati ndilowe m'khitchini anandibweza, "Ayi alamu, pumulani." Yohane anatulukira kuseli atanyamula nkhuku yakuda, miyendo m'mwamba, akuseka. "Achemwali, takupherani ya kwanu komwe. Mikolongwe iyi. Paja amati mtundu wake unachokera ku Ositireliya." Onse anaseka. Nanenso ndinaseka, koma liwu lakuti kwanu linandikhala pamtima.

Nkhuku ikusosoledwa, Aida anabwera ndi phala la bambo. Anawatsamiritsa chagada pampando paja, n'kuyamba kuwathira ndi supuni yaikulu, ina pambuyo pa ina. Bambo anatsokomola, maso anafiira, phala linatulukira m'mphuno. Unamwino unandikwera kumutu.

"Siyani! Mukuwapha! Munthu wotere samudyetsa atagona, zonsezo zikupita m'mapapo!"

Aida anaika mbale pansi. Mkazi amene anawasamalira zaka zinayi, amene anagona pansi kuchipatala sabata ziwiri, ndinamukalipira ngati wophunzira ndisanathe ndi ola limodzi pakhomo. Ndinaona manyazi ake, koma m'malo mopepesa ndinapita kukatenga nkhuku ija m'beseni.

"Koma nkhukuyo ndi yanu, alamu," anatero motsitsa mawu.

"Ngati ndi yanga, ndichita nayo zimene ndikufuna."

Ndinaiphika pambaula, makala ochepa. Zam'kati ndinazikankhira pambali osaziyang'ana n'komwe, chizolowezi cha zaka zinayi zophika nkhuku zopanda kanthu m'mimba. Selari kunalibe, ndinaikamo anyezi wambiri ndi jinja. Manudozi kunalibe, ndinatuma Yohane ku golosale kukagula supageti, n'kumuthyolathyola tating'onoting'ono kuti apse mpaka kufewa. Popeza madzi enieni ndi amene amatsamwitsa munthu wotere, ndinapotera mbatatesi ziwiri mumsuzimo kuti ulimbeko. Yohane ankazungulira mbaula manja ali m'chiuno. "Nkhuku yonse ija kuisandutsa madzi? Koma kunjaku kumapengetsa anthu." Ndinanyotsola nyama mpaka inakhala ngati ulusi.

Dzuwa litapendeka ndinawakhazika bambo mowongoka, mapilo kumsana, chibwano chotsitsa pang'ono. Ndinagwada patsogolo pawo ndi mbale. Fungo linawafika, ndinaona mphuno ikugwedezeka, ndinaonanso akumeza malovu. Ndinatunga theka la supuni, n'kuuzira, n'kuwafikitsa pamlomo. Pakamwa panali potseka. Ndinayesanso, ndi mawu ofewa aja ndimagwiritsa ntchito kwa a Frank. Anakweza dzanja lawo lamoyo, n'kundilanda supuni, n'kuyamba kuvundula m'mbalemo pang'onopang'ono ngati munthu wofunafuna ndalama m'madzi.

"Ili kuti?"

"Chiyani, bambo?"

Lilime linkawalemera, koma liwulo linatuluka lomveka. "Nthutumba."

Mumtima ndinati akumbuka. Ndinati andiitana kuti ndiwapatse madzi. Koma nthutumbayo ndinali nditaitaya kuti? Ndinatembenuka, ndipo Aida anali atanyamuka kale. Anabwera ndi kasosala. Pamene ine ndinkatanganidwa ndi msuzi wanga, iye anaitola m'beseni muja, n'kuitsuka, n'kuiphika padera m'kapoto. Ankadziwa kuti idzafunsidwa.

Bambo anaiyang'ana, kenako anakankha kasosalako ndi kunja kwa zala kubwera kwa ine, poyera, aliyense akuona.

"Alendo ayambe adya."

"Bambo, ndine Nelia. Naphiri wanu."

"Ndikudziwa," anatero. "Idyani."

Ndikanakonda akanakhala kuti asokonezeka mutu. Ndimawadziwa okalamba oiwala ana awo, ndipo zimenezo ndikanazipirira, ndikanati ndi matenda. Koma maso awo anali owala bwinobwino. Aida anandisunthira mpando kuti ndisadye chogwada. Ndinakhala pampando, kasosala pamiyendo, n'kudya nthutumba ija. Ndadyapo nthutumba zambiri mobisa, zina ndinkameza osatafuna n'komwe. Iyi inandikanika kutsika, ndinachita kuikankha ndi madzi.

Nditamaliza ndinatenganso mbale ndi supuni. Bambo anatembenuzira mutu kwa Aida.

"Iwe mwanawe, tenga supuniyo. Alendo atopa ndi ulendo."

Iwe. Kwa mpongozi wawo, amene kale ankagwadira kuseli kwa chitseko. Aida anandiyang'ana ngati wogwidwa akuba, koma sanabe kanthu. Ndinamupatsa mbale. Ndinamuonetsa kuti azitunga theka, azidikira mpaka aone pakhosi pakwera n'kutsika, asawalankhulitse chakudya chili m'kamwa. Bambo anatsegula pakamwa. Anamaliza mbale yonse osatsokomola ngakhale kamodzi, ndipo Yohane anavula chipewa n'kunena kuti zoonadi mlendo ndiye amadza ndi kalumo kakuthwa. Ankati akundiyamikira. Ndinapita kuseli, pa benchi yopalira matabwa, n'kukalira kumeneko.

Ndinakhala masabata atatu. Ine ndinkaphika, Aida ankadyetsa. Ndinayesanso kawiri kuwapatsa ndekha, ndipo kawiri konse anandithokoza mwaulemu, pakamwa osatsegulira supuni. Thupi linayamba kubwerera, masaya anadzadzako, sabata yachitatu anaima ndi ndodo. Chimene ndinadzera chinatheka: bambo anadya, ndipo ali moyo mpaka lero. Ndiyenera kuthokoza Mulungu, ndipo ndimathokoza. Koma ndikanama ndikati ndinasangalala.

Tsiku lina tikunyotsola nkhuku ndi Aida, ndinamupepesa chifukwa cha kukalipa kuja. Anati zinatha. Kenako ndinamufunsa chimene chinkandidya.

"Alamu, bambo adzandikhululukira liti?"

Anapukuta manja pachitenje, n'kuganiza kaye. "Sanakukwiyireni, alamu. Chaka choyamba inde, ankati akapha nkhuku osadya n'komwe. Koma mkwiyo unatha kalekale. Amakunyadirani, amauza aliyense wobwera kudzagula mpando kuti mwana wawo ali kunja. Kungoti anazolowera."

Mawu amenewo anandipweteka kuposa onse. Ndinabwera nditakonzeka kugwada ndi kupepesa, ndinali nditaloweza ndi mawu ake omwe m'ndege. Mkwiyo umapepeseka. Koma munthu amene wangozolowera kuti iwe kulibe, umupepesa chiyani? Pakhomo paja panalibe mpata wosiyidwa kudikira ine. Panali mwana wamkazi kale, wodziwa kuti bambo amafuna madzi ofunda motani, wodziwa kuti nthutumba idzafunsidwa. Ine ndinali munthu wabwino wa kutali, wotumiza zinthu, woyenera mpando ndi nkhuku.

M'mawa wa tsiku lonyamuka, ndinamulembera Aida kaphikidwe konse papepala, ngakhale anali atakadziwa kale kuposa ine. Galimoto itafika ndinakagwada pakhonde. Bambo anandigwira dzanja, n'kulisunga kanthawi ndithu. Ndinadikira. Mlomo wawo unagwedezeka, ndipo ndinati mwina tsopano.

"Mwatithandiza kwambiri," anatero. "Muyende bwino. Mukapereke moni kwanu."

Pakamwa panga panayankha pokha, monga mmene mlendo aliyense woleredwa bwino amayankhira. "Akamva, bambo."

Ku Balga ndinapeza nsapato pakhomo, eniake ali ku mashifiti. Moni uja ndinakhala nawo masiku anayi osadziwa woti ndimupatse. Lamlungu Helen anabwera ndi fulasiki yake, anawapatsa bambo ake masupuni awiri, n'kuyang'ana wotchi, n'kundisiyira mbale. Ndinakhala pambali pa bedi, n'kutunga theka la supuni.

"A Frank," ndinatero m'Chichewa, "bambo anga akupereka moni."

Sanamve kanthu. Anangotsegula pakamwa.